Kujambula filimu yoopsa usiku ndi ndalama zosonkha: kuwala, nthawi ndi tsogolo la ntchitoyi

Kamerayatsopano:

Akuluakulu, ndigawireniko nzeru. Pali gulu la achinyamata lomwe lalemba filimu yoopsa, nkhani ya mizukwa ndi kusowa kwa anthu m'mudzi, ndipo landipempha kuti ndikhale wojambula wamkulu. Sikiriputi ili ndi masamba pafupifupi 90, oposa theka ndi zochitika za usiku, zina panja, zina m'nyumba ya udzu yopanda magetsi. Zomwe ndimajambula ndi maukwati, zinkhoswe ndi mavidiyo a nyimbo. Pali kamera ya mirrorless yojambula 4K, malenzi atatu, nyali za LED ziwiri ndi jenereta yobwereka. Ndalama ndi zosonkha.

Usiku umajambulidwa bwanji kuti uoneke mdima koma anthu nkumaoneka? Ndikayesa, chithunzi chimadzaza timadontho ndipo nkhope zimamira. Komanso, kodi mafilimu oterewa angamufikitse munthu patali pa ntchito ya kamera, kapena ndingokakamira maukwati pomwe ndalama yake ndi yodziwika?

Nyali300:

Achimwene, mdima umene mumauona m'filimu umachita kuwalitsidwa. Timadontho mukunenato timabwera chifukwa kamera ikulandira kuwala kochepa ndiye inu mukungokweza ISO, nambala yoonetsa mmene kamera ikukulitsira kuwala komwe yalandira. Jambulani mowalirapo, mdimawo mudzautsitsa pa kompyuta pokonza mitundu. Chithunzi chowala mukachitsitsa chimayera bwino, chakuda mukachikweza timadontho timachuluka.

Pali kawerengedwe kakale kothandiza. Pa ISO 100, lenzi itatsegulidwa pa f/2.8 (nambalayi ikachepa ndiye kuti lenzi yatseguka kwambiri), shutter pa 1/50 ya sekondi, pamafunika kuwala kwa ma lux (muyezo wa kuwala kofika pa munthu) pafupifupi 1000. Mukawirikiza ISO kawiri, kuwala kofunika kumatsika ndi theka. Ndiye pa ISO 800 mukufuna ma lux 125, pa ISO 3200 ma lux 30 ndi pang'ono. Nyali imodzi ya LED ya mawati 300 yokhala ndi chowunikira chake kutsogolo imakwanitsa zimenezi ngakhale ili patali ndithu.

Panja, nyali yanu yaikuluyo ndiye mwezi. Isakhale mbali ya kamera. Ikani kumbuyo kwa atengambali, chakumbali pang'ono, m'mwamba mamita 4 kapena 5, patali mamita 12 mpaka 15. Ikakhala kumbuyo imajambula m'mphepete mwa mutu, mapewa, masamba a mitengo ndi udzu wa denga, mbali yoyang'ana kamera nkutsala mu mthunzi, ndipo diso limavomereza kuti ndi usiku. Ikakhala kutsogolo chilichonse chimaoneka mbee, mantha onse nkutha. Za kuiika patalizo chifukwa chake nchakuti mtunda ukawirikiza kawiri, kuwala kumatsala gawo limodzi mwa magawo anayi. Nyali ili pa mamita 2, munthu akangosuntha mapazi atatu walowa mu mdima kapena wapsa nkhope. Ili pa mamita 15, ayende mapazi omwewo simuona kusintha. Miyendo ya sitandi muitsindire matumba a mchenga atatu, ndipo kukakhala mwera pakhale munthu woigwira. Nyali yogwa kuchokera mamita 5 imavulaza.

Nkhope tsono. Khungu lakuda silifuna nyali yamphamvu yoliwomba mwachindunji, limangotulutsa kadontho kowala pamphumi kwina konse kuli bii. Limaoneka bwino likamanyezimira ndi chinthu chachikulu chowala mofewa. Tengani nsalu yoyera ya pabedi, muimange pa nsungwi ziwiri chakumbali kwa kamera, nyali yachiwiri iwombe pa nsaluyo, kuwala kobwerera ndiko kufike pa munthu. Muitsitse mpaka nkhope izingooneka mokwanira kuwerenga maganizo ake. Kamafuta pang'ono pa masaya ndi pamphumi kamathandiza, koma Vaseline wambiri amachititsa munthu kuoneka ngati watuluka thukuta m'siini iliyonse. Onjezani kanyali kakang'ono pafupi ndi lenzi, kotsitsidwa kwambiri, kongoti kaike kadontho m'maso. M'filimu yoopsa mantha amaonekera m'masomo, akafa maso siini yafa.

Osaiwala kumbuyo. Pakakhala bii kumbuyo konse, munthu amaoneka wongolendewera ndipo owonera sadziwa kuti ali pati. Walitsani khoma limodzi, thunthu la mtengo, kapena muike nyali ya parafini pakhonde la nyumba yakutali. Utsi wochepa umathandiza kuti kuwala kwa mweziko kuoneke mu mpweya. Ngati makina a utsi palibe, masamba onyowa pa mbaula, kutali ndi denga la udzu, ndowa ya madzi ili pafupi. Matayala ndi mapulasitiki ayi.

M'nyumba, koloboyi kapena kandulo ikhale m'chithunzi, koma kuwala kwenikweni kuchokere ku babu yobisika kunja kwa chithunzi, mbali yomweyo kuli koloboyiko, yokutidwa ndi pepala loyera kapena nsalu kuti ifewe. Pa muyezo wa mtundu wa kuwala (K), lawi la moto lili cha pa 1900K, babu yanu ikhale pakati pa 2700K ndi 3200K, kamera muiike cha pa 4000K. Mukatero moto ukhala wofiirira, ndipo nyali ya 5600K yolowera pa zenera ioneka ya buluu pang'ono, osati buluu wa m'mavidiyo a nyimbo uja. Makoma a dothi ndi abwenzi anu chifukwa amamwa kuwala. Opaka laimu amakumwaza paliponse, ndiye amene sakuoneka m'chithunzi muwaphimbe ndi nsalu yakuda. Nyali zakale za tungsten za mawati 800 zisalowe m'nyumba ya udzu, zimatentha zedi.

Pa jenereta, phatikizani mawati a chilichonse chomwe mulumikize. Ya 2 kVA muiwerengere mawati 1600, ndipo musaidzadze mpaka pakamwa. Ikhale mamita 40 kapena 50 kuseri kwa khoma kuti wojambula mawu asakutukwaneni, koma isalowe m'nyumba kapena m'khitchini motseka chifukwa utsi wake umapha mwakachetechete. Waya akhale wa 2.5 mm², mumutambasule yense pa chokulungira chake chifukwa wokulungidwa amatentha, ndipo polumikizira muzikweze pa njerwa nkuphimba, mame a m'bandakucha amalowa. Mafuta muzithira itazimitsidwa. Chomwe chimagwetsa jenereta pa seti nthawi zambiri si nyali, ndi munthu amene walumikiza ketulo ya mawati 2000 kuti aphike tiyi.

MayiFocus:

Zomwe anena a Nyali300 nzoona, kupatula za masamba onyowazo. Utsi umenewo sugwirizika. Shoti yoyamba uli tolo, yachiwiri mphepo yauchotsa, ndipo polumikiza zimaonekeratu kuti sizinajambulidwe nthawi imodzi. Atengambali nawonso amayamba kutsokomola ndi kufiira maso. Bwerekani makina a utsi kwa a DJ a maukwati, mukuwadziwa kale. Muutulutse, muukupize ndi katoni kuti umwazike, mudikire mphindi imodzi kapena ziwiri, kenako mujambule. Panja pali mphepo, ingousiyani.

Pa kamera, ikani mafulemu 25 pa sekondi ndi shutter ya 1/50. Ambiri ophunzitsa pa YouTube amati 24 ndi 1/48, ena 30 ndi 1/60, chifukwa ali ku America komwe magetsi ndi a 60 Hz. Athu ndi a 50 Hz, ndipo mukasemphana nawo mababu otchipa ndi machubu amatulutsa mizere yoyenda m'chithunzi, yovuta kwambiri kuchotsa. Pofuna kuti zinthu ziziyenda pang'onopang'ono, mafulemu 50 ndi 1/100. Jenereta wamba sakhazikika pa 50 Hz, amakwera ndi kutsika malinga ndi katundu amene wasenza, ndiye babu iliyonse yooneka m'chithunzi muiyese kaye pa jenereta yemweyo. Wa inverter ndiye wokhazikika komanso saphokosera kwambiri.

Simunanene mtundu wa kamera. Fufuzani ma ISO ake oyambira, makamera ambiri atsopano ali nawo awiri. Blackmagic Pocket 4K ndi 400 ndi 3200. Sony FX3 pa S-Log3 (log ya Sony, kajambulidwe kotuwa koti mitundu idzakonzedwe pa kompyuta) ndi 800 ndi 12800, FX30 ndi 800 ndi 2500. Wachiwiriyo amakhala woyera kuposa nambala yomwe ili pansi pake pang'ono, moti pa FX3 ISO 12800 imaposa 10000. Ambiri sadziwa izi, amaopa nambala yaikulu nkuima pamalo oipitsitsa.

Chachiwiri, onani ngati imajambula 10-bit, yomwe imasunga mitundu yambiri kuposa 8-bit. Ngati ndi ya 8-bit yokha, log musiyeni pa siini za usiku, chifukwa mukadzakonza mitundu mithunzi imasweka nkukhala timizeremizere. Jambulani ndi mitundu wamba yofewetsedwa, ndipo chithunzicho muchimalize pa seti pomwepo. Ngati ndi 10-bit, log ili bwino, muwalitse ndi stop imodzi (kuwirikiza kuwala kawiri) kuposa muyezo. Pa S-Log3 khadi lotuwa la 18% limayenera kugwera pa 41 pa muyezo wa kuwala wa 0 mpaka 100, usiku mulikweze pang'ono. Ndipo musakhulupirire maso anu. Mukakhala mu mdima maola awiri, monita imaoneka yowala kwambiri, mumaganiza kuti zili bwino, mawa lake masana nkupeza kuti palibe chooneka. Dalirani zoyezera kuwala za mu kamera kapena monita: false colour, zebra kapena waveform.

Msampha wina ndi kutsegula lenzi mpaka f/1.4 kuti mupeze kuwala. Pa kamera ya full frame, lenzi ya 50 mm pa f/1.4, munthu ali pa mamita 2, malo akuthwa ndi masentimita 13 okha. Akangoweramira kutsogolo maso achoka. Pa f/2.8 amafika 27. Khalani pa f/2.8 kapena f/4, kuwala kosowako mukupeze ku nyali. Autofocus mu mdima ndi mu utsi imasakasaka, ndipo imathawira pa lawi la kandulo nthawi yomwe mtengambali wachita bwino koposa. Pezani munthu mmodzi woti ntchito yake ikhale focus basi, ayeze ndi tepi, aike zizindikiro pansi ndi pa lenzi.

Za kasankhidwe ka malenzi ndi maganizo anga chabe: ya 24 kapena 28 mm pafupi ndi nkhope imasautsa mtima bwino, komanso imasiya malo aakulu kumbuyo kwa munthu, komwe wowonera amayamba kufufuza yekha ngati kukubwera chinthu. Ya 85 mm kuchokera kuseri kwa mpanda imapereka maganizo oti wina akusuzumira. Kamera ya pamanja muisungire pothamangitsana. Kwina konse ikhale pa tripod, chifukwa chithunzi chongoima phee kwa masekondi 15 chimaopsa kuposa chogwedezeka. Mzukwa wanu ngati chigoba chake ndi chotchipa, musachionetse chonse. Dzanja, theka la nkhope, chithunzithunzi chodutsa pa zenera, kuwala kuli kumbuyo, mosapitirira masekondi awiri.

Kanema wa 150 Mbps amadya pafupifupi 68 GB pa ola. Filimu ya mphindi 90 mukajambula kuwirikiza ka 10 ndi maola 15, kutanthauza 1 TB, ndipo mufunika ma hard drive awiri osungidwa m'zikwama zosiyana, kwa anthu osiyana. Khadi lisafufutidwe mpaka munthu atatsegula mafayilo m'ma drive onse awiri nkuona kuti akusewera. DaVinci Resolve yaulere ili ndi Clone Tool yomwe imatsimikizira kuti zakopedwa zonse. Mabatire amatha msanga m'nyengo yozizira, ndipo musadalire kuti masana magetsi akhalapo oti mutchajire, muzitchaja pa jenereta usiku womwewo. Cha m'ma 3 koloko mame amachita nthunzi pa galasi la lenzi, muziliyang'ana ndi tochi musanayambe shoti iliyonse.

Wapaseti_LL:

Anzangawa akuuzani za chithunzi. Chomwe chimagwetsa wojambula woyamba kumene si chithunzi koma nthawi.

Tsamba limodzi la sikiriputi ndi pafupifupi mphindi imodzi ya filimu. Masamba 90 pa masiku 15 ndi masamba 6 pa tsiku. Usiku, ndi gulu laling'ono, kusuntha kamera ndi nyali kupita pamalo ena kumatenga mphindi 30 mpaka 45. Mdima weniweni ulipo maola 10 kapena 11, muchotsepo ola la chakudya ndi nthawi yojambula yeniyeniyo, mutsala ndi ma setup (maikidwe a kamera ndi nyali) 12 mpaka 15. Ndiye ngati dailekitala ali ndi mndandanda wa mashoti 40 pa usiku umodzi, mukhale naye pansi sabata zingapo ntchito isanayambe, mudule. Siini iliyonse mudziwiretu shoti imodzi yomwe popanda iyo nkhani siimveka, muyambe ndi imeneyo. Mujambule zonse zoyang'ana mbali imodzi, ngakhale za siini zosiyana, musanatembenuze nyali. Kutembenuza mwezi kumadya ola.

Wolemba amene walemba kuti USIKU pa tsamba lililonse auzidwe kuti walira mvula walira matope. Siini zonse za m'nyumba muzijambule masana: nsalu yakuda kapena pulasitiki wakuda wokhuthala kunja kwa mazenera ndi chitseko, motalikirako mita imodzi kuti nyali ya mwezi ikwane mkati mwake. Muzitsegula pakati pa mashoti kuti mpweya ulowe. Mukatero masiku ogona panja atsika mwina ndi theka. Otsalawo muwaike motsatizana, osati lero usiku, mawa masana, mkuja usiku. Pakati pa kuweruka ndi kuyambanso pazidutsa maola 10 kapena 12, ndipo woyendetsa galimoto agone pamene ena akujambula. Mawaya, masitandi ndi jenereta ziikidwe dzuwa lisanalowe. Chisisira kwathu kuno nchachifupi, mphindi 20 kapena 25 kwatha, ndiye chimakwana shoti imodzi kapena ziwiri zomwe mwayeserera kale.

Nyengo yabwino ndi kuyambira Meyi mpaka Ogasiti: usiku ndi wautali, mvula kulibe, kungoti muwapezere atengambali mabulangete ndi tiyi. Okutobala usiku ndi waufupi ndipo m'nyumba yotsekedwa ndi nsalu kamera imatentha nkuzima yokha. Mvula yoyamba ikagwa, ngumbi zimadzaza pa nyali iliyonse moti palibe chojambulika. Siini zoyankhulana muzimalize isanakwane 3 koloko, atambala akayamba sasiya.

Tsono nkhani yaikulu. Mukupita m'mudzi usiku ndi zikwanje, magazi abodza, anthu okuwa ndi zipangizo zachilendo. Mu 2017 mphekesera za anamapopa ku Mulanje, Phalombe ndi maboma oyandikana nawo zinaphetsa anthu, mpaka bungwe la United Nations linachotsako antchito ake kwa kanthawi. Izi si zoseweretsa. Mukaonane ndi amfumu masiku angapo zisanachitike, mukhale ndi kalata yodziwitsa apolisi a m'deralo, ndipo uthenga ulengezedwe ku tchalitchi, ku mzikiti ndi m'midzi yoyandikana, chifukwa amene amabwera ndi miyala ndi a mudzi winawo amene angomva kukuwa. Masana muwaonetse anthu magaziwo ndi mmene mumapangira. Lembani ganyu anyamata a m'mudzi momwemo kuti azilondera ndi kuletsa phokoso.

Kumanda sikulowedwa popanda chilolezo cha amfumu, ndipo m'madera ambiri a Achewa ndi komwe kuli dambwe. Kumbani mitumbira yanu yabodza pa munda wa munthu amene wavomera, ndi mitanda yopanda mayina a anthu enieni. Zigoba za gule wamkulu musazisandutse mizukwa ya m'filimu, zili ndi eni ake ndipo mudzaputa mlandu. Pangani chigoba chanuchanu chosafanana nazo. Ngati pali gawo la gogo woganiziridwa ufiti, mtengambali wake achokere kutali, asakhale wa m'mudzimo, chifukwa inu mukapita dzinalo limatsala naye. Ana otenga mbali, makolo awo awasainire chilolezo. Chikwanje chenicheni chikhale cha shoti yapafupi yokha pomwe palibe akuchigwedeza. Pomenyana, cha thabwa chopaka penti, ndipo lenzi yaitali imabisa mpata wa pakati pa anthu awiriwo. Za chilolezo cha drone ndi kupititsa filimu ku Censorship Board isanaonetsedwe ndi ntchito ya producer, koma mumufunse ngati wazichita.

DP_wamvi:

Mwana wanga, funso lanu lachiwirilo ndi limene ndiyankhe.

Mafilimu oopsa ndi achiwawa otchipa akhala sukulu ya ojambula kwa zaka zambiri, chifukwa kawirikawiri ndi amene amapatsa munthu wosadziwika filimu yathunthu kuti aijambule, ndipo owonera ake safunsa kuti muli katswiri wotchuka ndani. Dean Cundey anajambula Halloween ya 1978 pa ndalama zongopitirira pang'ono madola 300,000, m'masabata ochepa. Anapitiriza ndi dailekitala yemweyo, John Carpenter, mafilimu angapo, ndipo pofika 1993 ndiye anali pa kamera ya Jurassic Park. Daniel Pearl anajambula The Texas Chain Saw Massacre ya 1974 pa filimu ya 16 mm yofuna kuwala kochuluka zedi, kenako anakhala zaka zambiri akudya za mavidiyo a nyimbo ndi zotsatsa malonda, mpaka anamuitananso kudzajambula filimu yomweyo itapangidwanso mu 2003. Ojambula Janusz Kamiński ndi Wally Pfister onse anadutsa m'mafilimu otchipa a producer wa ku America Roger Corman asanapate ma Oscar. Kuno ku Africa, msika wa mafilimu a pa vidiyo ku Nigeria unatseguka ndi Living in Bondage ya 1992, nkhani ya kukhwimira chuma, yogulitsidwa pa matepi a VHS.

Koma amenewa ndi ochepa mwa anthu zikwizikwi. Ambiri amene amajambula mafilimu oterewa, kulikonse, lendi amalipira ndi zotsatsa malonda, mavidiyo a nyimbo ndi ntchito za mabungwe. Filimu imamanga dzina, zinazo zimadyetsa ana. Maukwati musawasiye. Onani nkhani ya Pearl ija.

Kumene ntchitoyi ili yokhazikika, monga Cape Town ndi Johannesburg, makwerero ndi awiri. Ena amayamba ngati wophunzira wa kamera, nkukhala wachiwiri wogwira kabolodi koomba poyamba shoti ndi makhadi, kenako focus puller (woyang'anira focus), kenako woyendetsa kamera. Ena amadzera ku magetsi mpaka kukhala gaffer, mkulu wa nyali. Kwa mafilimu oopsa njira ya magetsiyi ndiyo ndimaiona yaphindu. Kwathu munthu mmodzi amagwira zonse kuyambira tsiku loyamba, zomwe zimaphunzitsa msanga, koma vuto lake amatha zaka khumi osaonapo wina womuposa akugwira ntchito, nkumangobwereza zolakwa zomwezo. Gulu lakunja likabwera kudzajambula, pemphani ngakhale ntchito yonyamula masitandi. MultiChoice Talent Factory, yomwe inayamba mu 2018, ili ndi sukulu ya mafilimu ku Lusaka ndipo imatenganso Amalawi.

Ntchito yotsatira imachokera kwa dailekitala ndi producer amene anakuonani mukumaliza masamba a tsikulo osakalipira anthu. Wojambula zokongola koma wochedwa saitanidwanso. Mukapeza dailekitala waluso, mukakamireni.

Musanayatse kamera, mulemberane, ngakhale ndi anzanu a ku tchalitchi. Malipiro a ntchito yanu akhale padera, a kubwereketsa zipangizo zanu padera. Palembedwe amene adzalipire chinthu chikasweka kapena kubedwa. Gawo la ndalama, theka ngati nkotheka, mulandire ntchito isanayambe. Akakuuzani kuti mudzagawana phindu filimu ikadzagulidwa, muvomere pokhapokha ngati mungakwanitse kugwira ntchitoyo ulere, chifukwa phindulo kawirikawiri silifika. Palembedwenso mmene dzina lanu lidzaonekere, kuti mudzakhalapo pokonza mitundu, ndi kuti muli ndi ufulu wotenga tizidutswa toonetsa ntchito yanu pakatha miyezi yakutiyakuti, filimu ituluke kapena isatuluke. Mfundo yomalizayi ndi yofunika chifukwa mafilimu ambiri osonkherana amafera mu hard drive ya mkonzi.

Showreel, kanema wa tizidutswa toonetsa ntchito yanu tija, isapitirire mphindi ziwiri, shoti yabwino koposa ikhale yoyamba, ndipo muikemo siini imodzi yathunthu yoonetsa kuti kuwala kwanu kumagwirizana kuchoka pa shoti ina kupita pa ina. Filimu ikatuluka bwino, pali zikondwerero za mafilimu a mtundu umenewu: Sitges ku Spain, Fantasia ku Montreal, FrightFest ku London, Fantastic Fest ku Austin, ndi South African Horrorfest ku Cape Town. Mukapeza kandalama musathamangire kamera yatsopano, imakalamba pa zaka zitatu. Nyali, tripod yolimba ndi malenzi mudzagwiritsa ntchito zaka khumi.

Langizo langa lenileni: musanayambe masamba 90, jambulani siini imodzi ya masamba atatu ndi gulu lomwelo usiku umodzi, muilumikize mpaka kumapeto. Mudzadziwa liwiro lanu lenileni, ndi amene amagona 1 koloko ikakwana.

Kamerayatsopano:

Zikomo kwambiri akuluakulu, kamera ndi ya 10-bit. Ziwiri zatsala. Magazi amapangidwa bwanji kuti aoneke pa khungu lathuli usiku? Nanga zojambula masana nkuzisandutsa usiku pa kompyuta zimatheka? Pali siini ya kumunda yomwe nyali zathu sizingakwanitse.

Mitundu709:

Magazi: makapu anayi a golden syrup, kapu imodzi ya madzi, utoto wofiira wa makeke mpaka afiire psuu, kenako supuni ya cocoa kapena kadontho kamodzi ka utoto wa buluu kuti aderepo. Ofiira okhaokha amaoneka ngati jamu. Oyenderera muwasungunule ndi madzi, ouma muwonjezere cocoa. Kadontho ka sopo wotsukira mbale kamathandiza kuti achapike pa zovala, koma olowa m'kamwa asakhale ndi sopo. Muyembekezere nyerere.

Pa khungu lakuda, pansi pa kuwala kwa buluu, magazi amaoneka akuda. Chimene chimawaonetsa ndi kunyezimira, ndiye pakhale nyali kumbuyo kapena chakumbali yoti iwagunde. Kufiira kwake kuonekere pa china: malaya oyera kapena achikasu, khoma la laimu, mbale yoyera, chikhatho. Kuwala kofiirira kwa koloboyi kumawaonetsa bwino kuposa mwezi, koma nyali yofiira kwenikweni imawafufutiratu. Chovala chilichonse chothiridwa magazi chikhale ndi zinzake ziwiri zofanana, ndipo mashoti onse oyera ajambulidwe kaye. Kamera muiveke pulasitiki, kutsogolo kwa lenzi fyuluta yoonekera, yopanda mtundu.

Za kumundazo zimatheka, pa shoti zazikulu. Sankhani tsiku lopanda mitambo, dzuwa likhale kumbuyo kapena chakumbali kwa anthu, cha m'ma 8 m'mawa kapena 4 madzulo, kuti mithunzi italike. Thambo lisalowe m'chithunzi, chifukwa usiku thambo silingawale kuposa nthaka. Kwezani kamera iyang'ane pansi, kapena kumbuyo kukhale phiri kapena mitengo. Ikani ND fyuluta, galasi lochepetsa kuwala, kuti lenzi ikhalebe pa f/2.8 kapena f/4 ngati siini zina za usiku, mutsitse stop imodzi m'kamera, yotsalayo pa kompyuta. Nkhope muziwalitse ndi chowunikira, apo ayi pozitsitsa zidzamira zonse. Pokonza, chotsani mtundu wambiri, makamaka kubiriwira kwa masamba, buluu akhale wochepa. Chimene chimaulula bodzali ndi moto ndi tochi: masana siziwala, ndiye munthu wonyamula tochi amaoneka kuti wanyamula chinthu chakufa. Siini yokhala ndi tochi kapena nyali muijambule pa chisisira.

Pomaliza kukonza mitundu muzikumbukira kumene filimuyi ikaonetsedwe. Ambiri adzaiona pa foni, masana, itapanikizidwa ndi YouTube kapena itadutsa pa WhatsApp, ena pa TV ya m'chinyumba cha vidiyo. Kupanikizako kumawononga mithunzi poyamba, mdima wosalala umasanduka timabokosi. Ndiye mbali yowala ya nkhope, m'siini za usiku, ine ndingaisiye pakati pa 25 ndi 35 pa waveform ya Rec.709 (mitundu wamba ya pa TV), ndipo m'chithunzi chilichonse mukhale kanthu kamodzi kowala kwenikweni, lawi kapena m'mphepete mwa phewa, kuti diso likhale ndi poyerekezera. Onjezani grain wochepa (timadontho tosalala toikidwa dala), ndipo pa YouTube muike fayilo ya 4K ngakhale owonera adzaonere pa 480p. Mizere yakuda ya 2.39:1 pa foni imachepetsa chithunzi kwambiri, 16:9 kapena 2:1 ndi yokwanira.

Tsiku limodzi ntchito isanayambe likhale la mayeso. Imikani pamodzi mtengambali wakuda kwambiri ndi woyererapo kwambiri, atavala zovala za m'filimu, magazi ali pa mkono, pansi pa nyali zomwe mudzagwiritse ntchito. Jambulani pa muyezo, kenako stop imodzi pansi, imodzi pamwamba, ziwiri pamwamba. Mukonze zonse zinayi kuti zifanane, muzitumize pa WhatsApp ku foni yotchipa, mukaziyang'anire panja masana pamodzi ndi dailekitala. Imene yapambana mupangire LUT (fayilo yosunga makonzedwe a mitunduwo), muiike mu monita, ndipo filimu yonse muijambule mukuyang'ana imeneyo.